Momwe mphunzitsi angawerengere mabuku a kafukufuku wa maphunziro n'kuwagwiritsa ntchito m'kalasi yodzaza

Lachisanu mwaphunzitsa mafulakishoni. Mwafunsa kuti "Tamvana?" ndipo kalasi yonse yayankha mokweza kuti "Eeee!" Ntchito ya m'makope akhoza bwinobwino. Lolemba mukufunsa zomwezo, m'kalasi muli zii, ana akungoyang'ana kudenga ngati Lachisanu lija kunali holide. Ndaphunzitsa zaka zambiri mumzinda wa Blantyre muno, ndipo kwa nthawi yaitali ndinkati vuto ndi ana a masiku ano. Ndinadzazindikira mochedwa kuti kuiwala kumeneku anthu anayamba kukuyeza kalekale. Mjeremani wina, Hermann Ebbinghaus, anasindikiza zimene anapeza mu 1885. Iye ankaloweza timawu topanda tanthauzo n'kumadziyesa yekha pakapita mphindi, maola ndi masiku. Anaona kuti zambiri zimathawa m'mutu tsiku loyamba lomwelo, kenaka liwiro la kuiwalako limayamba kuchepa. Choncho ana athu a ku Ndirande ndi ku Bangwe sakuchita zachilendo ayi.

Mabuku ofotokoza momwe munthu amaphunzirira alipo ambiri. Vuto lake ndi a Chingerezi, ndi odula, ndipo olemba ake ambiri sanaimepo patsogolo pa ana 100 okhala pansi, ena atatsamira pazenera. Komabe muli nzeru m'menemo. Njira imene ine ndimatsata pokazitapa ndi iyi.

Choyamba, yambani ndi vuto lanu

Musanafune buku, tengani kope la 40 peji, mulembe patsamba loyamba chinthu chimodzi chimene chikukusowetsani tulo m'kalasi mwanu. Chikhale chiganizo chimodzi chooneka ndi maso. "Ana anga ndi ofooka" sichithandiza. Lembani ngati izi: "Ana a Sitandade 6 amakhoza masamu tsiku lophunzira koma pamayeso a kutha kwa telemu amalephera mitu yomweyo." Kapena: "Ndikafunsa funso amayankha ndi ana asanu omwewomwewo a kutsogolo." Mukatero ndiye kuti mukudziwa chimene mukukafuna. Wolowa mumsika wa Limbe asakudziwa chogula amatuluka ndi jumbo yodzaza zinthu zosafunika.

Chachiwiri, pezani cholembedwa chimodzi

Ine ndimalangiza anzanga kuyamba ndi kabuku ka Barak Rosenshine kotchedwa Principles of Instruction. Kanatuluka mu 2010 kudzera ku nthambi ya UNESCO yoona za maphunziro ya ku Geneva, ndipo mu 2012 kanatulukanso ngati nkhani m'magazini ya American Educator, masamba osakwana 10. Zonse ziwiri n'zaulere pa intaneti. Muli mfundo 10 zokha, zonse za m'kalasi: kuyamba phunziro ndi kubwereza zakale, kuphunzitsa zatsopano m'timagawo ting'onoting'ono, kufunsa mafunso ambiri, kuonetsa chitsanzo ana asanayese okha, ndi zina zotero. Kabandulo kochepa ka Airtel kapena TNM kakukwanirani kukatsitsa pafoni. Mukatero pitani pamalo a fotokope, pa Ginnery Corner kapena kufupi ndi kwanu, akusindikizireni papepala. Kuwerenga pafoni uthenga wa WhatsApp ukulowa mphindi iliyonse ndi kudzinamiza.

Ngati vuto lanu ndi la kuiwala, funani Make It Stick, buku la mu 2014 lolembedwa ndi Peter Brown, Henry Roediger ndi Mark McDaniel. Ngati mukufuna kumvetsa chifukwa chimene ana amatopera msanga ndi kuganiza, funani Why Don't Students Like School? la Daniel Willingham, la mu 2009. Awiriwa ndi ogula, koma Chingerezi chake n'chofewa. Palinso How People Learn, buku lalikulu limene bungwe la National Research Council la ku America linatulutsa mu 2000, ndi lachiwiri lake la mu 2018. Awa amapezeka ulere patsamba la National Academies Press, koma ndi olemera, oyenera munthu amene akulemba kafukufuku wa digiri. Musayambire pamenepo.

Poyang'ana mabuku a papepala, yambani ndi nthambi ya ku Blantyre ya National Library Service. Funsaninso ngati angakuloleni kuwerengera mulaibulale ya ku MUBAS pa Chichiri kapena ya ku Blantyre Teachers Training College. Kalata ya ahedi anu imatsegula makomo ambiri. Musanyozenso ogulitsa mabuku akale m'makhonde a masitolo mu Limbe ndi m'tauni. Buku la saikoloje ya maphunziro la zaka 15 zapitazo, ngakhale litathothoka chikuto, mutu wake wonena za kukumbukira ukadali ndi ntchito. Ndipo ngati muli anayi kapena asanu pasukulu, sonkhani mugule limodzi muzibwerekana.

Buku limodzi lokha, ndanena. Ichi chakoma ichi chakoma pusi anagwa chagada.

Chachitatu, kawerengedwe kake

Buku lotere saliwerenga ngati nthano, kuyambira tsamba loyamba mpaka lomaliza. Onani kaye mndandanda wa mitu, musankhe mutu wogwirizana ndi chiganizo chanu chija. Werengani ndime yoyamba ndi yomaliza ya mutuwo kuti mudziwe kumene wolemba akupita, kenaka muwerenge wonse modekha.

Tsopano apa ndi pamene ambiri timalakwitsa. Mukamaliza mutu, tsekani buku, mulikankhire patali, mutsegule kope lanu lija n'kulemba m'Chichewa zonse zimene mukukumbukira. Mudzadabwa kuchepa kwake. Mutu umene umaoneka womveka bwino mukamawerenga, pokaulemba mudzapeza kuti mwagwira mfundo ziwiri zokha. Tsegulaninso buku, muone zimene mwasiya, muzionjezere ndi cholembera cha mtundu wina. Pakapita masiku atatu chitaninso chimodzimodzi, buku lili chitsekere.

Ndikuumirira pa Chichewa pa chifukwa. Mawu a Chingerezi a m'mabukuwa munthu angathe kuwaloweza n'kumawatchula pamisonkhano osadziwa kanthu. Koma ukati uwanene m'chinenero chako, umbuli umaonekera pompo. Mwachitsanzo, olembawa amakamba kwambiri za malo a m'mutu amene timasungamo zinthu pa nthawi imene tikuziganizira. George Miller mu 1956 anati malowa amakwana zinthu pafupifupi 7, ndipo Nelson Cowan mu 2001 anati n'zochepa kuposa apo, pafupifupi 4. Ine m'kope mwanga ndinalemba kuti: mwana ali ngati munthu wogula tomato opanda jumbo, manja akadzaza, ukamuonjezera mmodzi, wina amagwa. Kuyambira pamenepo ndinasiya kulemba njira zonse za samu yaitali pabolodi nthawi imodzi n'kumalankhulanso zina pamwamba pake.

Njira ya kutseka buku imeneyi si nzeru zanga. Mu 2006 Roediger uja ndi mnzake Jeffrey Karpicke anapatsa ophunzira a payunivesite ya Washington ku St. Louis nkhani zazifupi zoti awerenge. Gulu lina linangowerenga mobwerezabwereza. Lina linawerenga kanthawi kamodzi, kenaka n'kumayesedwa katatu kulemba zimene likukumbukira. Atawayesa patangopita mphindi 5, obwereza kuwerenga aja ndiwo anapambana. Koma patapita sabata zinatembenuka: iwo anakumbukira 40 peresenti, pamene odziyesa aja anakumbukira 61 peresenti. Chochititsa chidwi n'chakuti obwereza kuwerengawo ndiwo ankadzikhulupirira kwambiri kuti adzakumbukira. Ndi "Eeee!" wa Lachisanu uja ameneyu.

Chachinayi, lifunseni mafunso bukulo

Kusindikizidwa ku London kapena ku New York sikusandutsa mawu kukhala Uthenga Wabwino. Paliponse pamene wolemba wanena kuti kafukufuku waonetsa chakuti, imani mufunse zinthu zitatu.

Anayesa ndani? Kafukufuku wa 2006 uja anachitika pa achinyamata a payunivesite, owerenga m'chinenero chawo chobadwa nacho. Mwana wanu wa Sitandade 5 ku Chirimba akulimbana ndi sayansi ndi Chingerezi nthawi imodzi. Sindikuti mfundoyo siigwira ntchito kwa iye, koma mwana sangakumbukire chinthu chimene sanachimve n'komwe. Ndiye kwa ife kufotokoza momveka kuyenera kutsogola, kudziyesa kubwere pambuyo.

Anayerekeza ndi ndani? Buku likati ana anakhoza bwino atagwiritsa ntchito njira yakuti, funsani kuti bwino kuposa ayani. Ana amakula, ndipo ngakhale ataphunzitsidwa mwa njira iliyonse, pakutha pa chaka amadziwa zambiri kuposa poyamba. Popanda gulu lina loyerekeza nalo, palibe chimene chatsimikizika.

Anayeza liti? Mayeso a tsiku lomwelo amanamiza, monga taonera. MANEB siyesa zimene mwana waphunzira m'mawa uno.

Ndipereke zitsanzo ziwiri zimene zinanditsegula maso. John Hattie wa ku New Zealand anatulutsa Visible Learning, buku lotchuka kwambiri, momwe anaphatikiza zotsatira za akafukufuku ochuluka zedi n'kusanja zinthu malinga ndi mphamvu yake pa kukhoza kwa ana. Pa mndandanda wakewo, kuchepetsa chiwerengero cha ana m'kalasi kuli m'munsi ndithu. Wina atha kutenga mfundo imeneyi n'kumati kudzaza kwa makalasi athu si vuto. Koma akafukufuku amene Hattie anasonkhanitsa ankakamba za kuchotsa ana pa 25 kapena 30 kuwafikitsa pa 15 kapena 20, m'maiko olemera. Za kalasi ya ana 120 sakunenapo kanthu. Kuno chiyambireni maphunziro aulere a pulayimale mu 1994, pamene ana olembetsa anachoka pa 1.9 miliyoni kufika pafupifupi 3 miliyoni m'chaka chimodzi, kudzaza kwa makalasi ndi nkhani ina kotheratu.

Chachiwiri n'cha pafupi ndi kwathu. Paul Glewwe, Michael Kremer ndi Sylvie Moulin anafufuza m'masukulu a kumidzi ya kumadzulo kwa Kenya, komwe masukulu ena anapatsidwa mabuku a ophunzira, ena ayi. Zotsatira zake, zimene zinasindikizidwa mu 2009, zinaonetsa kuti mabukuwo anathandiza ana okhoza kale okha. Ambiri sanapindule, chifukwa mabukuwo anali a Chingerezi chimene iwo sankatha kuwerenga. Nditawerenga zimenezi ndinakumbukira ana anga a kumbuyo, ogwira buku mwaulemu, maso ali patsamba, koma osatola kanthu. Kafukufuku wa ku Kenya, Zambia kapena India nthawi zambiri amatiuza zoona za kalasi yathu kuposa wa ku America. Ndipo zolemba za kuno kwathu, za ku Malawi Institute of Education ku Domasi kapena za ofufuza a ku University of Malawi ku Zomba, mukazipeza musazilumphe chifukwa choti chikuto chake si chonyezimira.

Pali zinthu ziwiri zimene mudzakumana nazo kawirikawiri, m'mabuku ena ngakhalenso kumaphunziro a aphunzitsi, zoti musataye nazo nthawi. China ndi chithunzi cha piramidi chonena kuti munthu amakumbukira 10 peresenti ya zimene wawerenga ndi 90 peresenti ya zimene wachita kapena kuphunzitsa ena. Manambala ozungulira bwino chonchi ndi chikomekome cha mkuyu. Amawamata pa dzina la Edgar Dale, katswiri wa maphunziro wa ku America, koma chithunzi chimene iye anajambula mu 1946 chinalibe manambala. China ndi chiphunzitso chakuti mwana aliyense ali ndi njira yakeyake yophunzirira, wina ndi maso, wina ndi makutu, wina ndi manja, ndipo mphunzitsi aziwagawa motero. Mu 2008 Harold Pashler ndi anzake anaunika kafukufuku wa nkhaniyi ndipo sanapeze umboni wokwanira woti kugawa ana chonchi kumawathandiza kukhoza. Mapu amafuna maso kwa mwana aliyense, ndakatulo imafuna makutu kwa mwana aliyense. Chimene chimalamula njira ndi phunzirolo.

Chachisanu, sandutsani mfundo imodzi kukhala ya choko ndi bolodi

Bwererani ku chiganizo chanu cha patsamba loyamba. Pa zonse mwawerenga, sankhani mfundo imodzi yochiyankha, ndipo mulembe ndendende zimene mudzachite Lolemba nthawi ya phunziro loyamba. Ngati mfundoyo ikufuna makompyuta, magetsi kapena pepala la mwana aliyense tsiku lililonse, isinthidwe kapena isiyidwe.

Tiyerekeze kuti vuto lanu ndi la kuiwala lija. Rosenshine amati phunziro liziyamba ndi kubwereza kwa mphindi 5 mpaka 8. Mu 2013 John Dunlosky ndi anzake atayerekeza njira 10 zowerengera, ziwiri zokha ndizo anazipeza zamphamvu kwambiri: kudziyesa, ndi kumwaza kubwereza pa masiku otalikirana m'malo mounjika tsiku limodzi. Kudula mizere kunsi kwa mawu ndi kuwerenga notsi mobwereza, zimene ana athu a Folomu 4 amachezera nazo usiku MSCE ikayandikira, zinali m'gulu la zofooka. Ndiye phatikizani ziwiri zamphamvuzo motere.

Ana asanalowe, kapena pamene akukhazikika, lembani mafunso asanu kumbali kwa bolodi. Awiri achokere pa phunziro la dzulo, awiri pa la sabata yatha, limodzi pa la mwezi watha. Makope a notsi atsekedwe. Aliyense ayankhe kumapeto kwa kope lake, payekha, mwakachetechete, mphindi zitatu kapena zinayi. Kenaka asinthane makope ndi woyandikana naye, inu mutchule mayankho, iwo achonge. Pomaliza funsani funso lililonse kuti amene alikhoza akweze mkono. Simukuchonga makope 100, koma m'mphindi imodzi mwaona mutu umene wagwa. Funso limene manja akwera ochepa, libwerenso mawa.

Pali misampha ingapo. Mayankho a kwaya, kalasi yonse kuyankhira pamodzi, sakuthandizani pano. Ana khumi amatsogolera, enawo amangotsatira mapeto a mawu. Musalembe malikisi a timafunsoti m'buku la zotsatira, ndipo musakalipire kapena kuchititsa manyazi wolephera. Akangoona kuti pali chilango ayamba kuonera, ndipo phindu lonse latha, chifukwa mankhwala ake ndi kuvutika kuja kofufuza yankho m'mutu. Auzeni poyera kuti kulakwa pano n'kololedwa. Komanso mafunso asakhale ovuta kwambiri. Rosenshine amati ana azikhoza pafupifupi 80 peresenti ya zimene akuyeserera. Ngati ambiri akupeza limodzi pa asanu, vuto si kuiwala. Sanamve poyamba pomwe, ndiye phunzitsaninso.

Kuti musamavutike kuganiza mafunso m'mawa uliwonse muli mu minibasi ya ku Machinjiri, onjezerani kadanga kamodzi m'masikimu anu. Tsiku limene mwaphunzitsa mutu, lembani pomwepo mafunso ake anayi ndi masiku amene adzafunsidwe.

Ngati vuto lanu linali la ana asanu oyankha okhaokha, mankhwala ake ndi otsika mtengo koposa. Mary Budd Rowe, m'zaka za m'ma 1970, anajambula mawu m'makalasi n'kupeza kuti aphunzitsi akafunsa funso amadikira pafupifupi sekondi imodzi yokha. Akadikira masekondi atatu kapena kuposa, mayankho ankatalika ndipo ana ambiri ankayesa. Funsani, letsani kukweza manja, werengani chamumtima mpaka pa faifi, kenaka mutchule dzina la mwana aliyense amene mwasankha. Masiku oyamba kachetechete ameneyo amaoneka wautali ngati ulaliki wa pamaliro. Pirirani.

Chachisanu ndi chimodzi, yezani nokha

Mwafunsa buku kuti linayerekeza ndi ndani, ndiye nanunso dzifunseni. Njira yosavuta, yosamana mwana aliyense kanthu, ndi kuyerekeza mitu m'kalasi imodzi yomweyo. Sankhani mitu iwiri yovuta mofanana, yophunzitsidwa m'masabata oyandikana. Wina uzilowa m'timafunso ta m'mawa, winawo uphunzitsidwe monga mwa masiku onse. Pakapita masabata anayi kapena asanu, perekani mayeso osalengeza a mafunso 10, asanu pa mutu uliwonse. Ngati n'kotheka mafunsowo akonze ndi mphunzitsi mnzanu amene sakudziwa mutu umene mumabwereza, chifukwa tonsefe timakondera mwana wathu. Werengani okhoza pa mutu uliwonse, mulembe m'kope lija pamodzi ndi deti, chiwerengero cha ana amene analipo, ndi china chilichonse chimene chinasokoneza: mvula imene inajombetsa theka la kalasi, sabata ya masewero, maliro.

Mukatha mayesowo, mutu unasiyidwa uja ulowenso m'timafunso kuti ana asatsalire.

Ine ulendo wanga woyamba sizinayende. Ndinkalemba mafunso aatali, mphindi 8 zija zinkafika 20, phunziro latsopano n'kumathera panjira. Ndinatsala pang'ono kunena kuti zimenezi n'za azungu. Nditabwerera m'kope ndinaona kuti cholakwika chinali kukula kwa mafunso anga, osati mfundoyo. Telemu yotsatira ndinawafupikitsa kuti yankho lililonse likhale mawu amodzi, nambala kapena chiganizo chimodzi. Muyembekezere zotere, ndipo musaweruze njira isanathe masabata asanu ndi limodzi. Kuyeza kwa kalasi imodzi sikukupatsani chilolezo cholengeza kuti mwatulukira lamulo la dziko lonse, koma kukuuzani ngati muyenera kupitiriza telemu yamawa.

Chomaliza, pitani nalo kwa anzanu kopelo

Pemphani ahedi mphindi 15 pa tsiku la maphunziro a aphunzitsi apasukulu, kapena lankhulani ndi a PEA, alangizi a masukulu a pulayimale, kuti akupatseni mpata ku TDC, malo osulira aphunzitsi a zoni yanu. Musakawerenge mitu ya buku pamenepo, anthu adzagona. Lembani mafunso asanu pabolodi, aphunzitsi anzanuwo atseke makope ayankhe ngati ana, asinthane achongerane. Akatha kuseka, aonetseni manambala a m'kalasi mwanu, abwino ndi oipa omwe, ndipo muwauze dzina la buku ndi tsamba pamene mwatenga mfundoyo, kuti wofuna akadzionere yekha m'malo modalira kandimverere. Siyani mafotokope awiri kapena atatu a Rosenshine patebulo la mu stafu, dzina lanu litalembedwa pachikuto. Amene atenge, mupangane naye tsiku loti mudzakumanenso pakatha milungu iwiri, aliyense atanyamula kope lake.